Alamu Anga a Solomon ndi Kamuvi ka Geji

Mukafika ku Heavy Industrial Area kuno ku Ndola n'kufunsa kumene amakonza eyakoni, makina oziziritsa m'galimoto, akulozerani malo asanu. Mukawonjeza kuti mukufuna munthu woti akonze zenizeni, akulozerani malo amodzi okha, koma ayamba akusekani kaye, n'kukufunsani ngati mwanyamula kamba. Ndi kuseri kwa nyumba ina yosungiramo katundu yomwe inatsekedwa kalekale, pansi pa chisakasa cha malata. Pamenepo mupeza bambo wamtali wa imvi atakhala pa kampando ka chitsulo, manja ali pa maondo, maso ali pa mageji awiri oyezera gasi, ina yabuluu ina yofiira, opachikidwa pa boneti. Amenewo ndi a Solomon Nkhoma, alamu anga. Anakwatira alongo anga aakulu, a Mainess.

Ine ndine Stephen, ndimayendetsa thiraki. Kwa zaka ziwiri tsopano ndakhala ndikuyesetsa kudana nawo bambo amenewa, koma zikundikanika. Nkhani yake ndi ya sabata imodzi ya mwezi wa Okutobala, pamene asisi, atatsala madzi amodzi, anapempha chinthu chimodzi chokha: kuti tikawafikitse kwa amayi athu kumudzi, kupitirira Sinda pang'ono, akadali kupuma.

A Solomon anabwera ku Ndola mu 1987, kuchokera cha ku Nyanje, atanyamula kathumba ka zovala ndi kalata ya mpingo. Amalume awo anawapezera ntchito pa fakitale ina yokonza nyama, yosesa m'zipinda zozizira. Munthu wina akanangosesa. Iwo ankasesa kwinaku akutsatira mapaipi ndi maso, kufunsa kuti iyi ikuchokera kuti, nanga iyo ikutenthera chiyani pamene inzake ili ndi chisanu, mpaka kapitawo anatopa nawo n'kuwapatsa sipanala. Mafakitale atayamba kugwa, yawonso inatsekedwa. Mwayi wake, ndi nthawi imene magalimoto akale ochokera kunja anayamba kusefukira m'tauni, ambiri eyakoni itafa. A Solomon anapeza mageji, pampu ndi silinda ya gasi, n'kukakhala pansi pa chisakasa chija. Sanasamukeponso.

Chiphunzitso chawo ndi chimodzi, ndipo ndachimva kambirimbiri moti ndikhoza kuchilakatula ndili m'tulo. Gasi wa mu eyakoni satha ngati petulo. Amangozungulira m'mapaipi otsekeka, ndiye akachepa ndiye kuti pali pamene akuthawira. Anzawo a ntchitoyi amangolumikiza silinda, psii, mphindi khumi mwazizidwa, mwapita mukuwayamikira, pakatha masabata awiri mwabweranso thukuta lili kamukamu. A Solomon ayi. Amayamba alumikiza pampu yokoka mpweya wonse m'mapaipi, theka la ola. Kenako amatseka, kuzimitsa pampu, kukhala pa kampando kaja n'kumayang'ana kamuvi ka geji theka lina la ola. Kamuviko kakangosuntha, ngakhale pang'ono pokha, ndiye kuti penapake pali kabowo, ndipo silinda sakhudza. Amatenga botolo la madzi a sopo n'kuyamba kuthira polumikizira paliponse, kufuna pamene patuluke thovu. Zikhoza kutenga ola, zikhoza kutenga masiku.

Ndinaonapo bwana wina wa ku migodi atachokera ku Kitwe, tayi ali pakhosi, akuzungulira chisakasa chija makiyi ali m'manja.

"Ba Solo, bikenimo fye gasi, bwangu bwangu," anatero bwanayo m'Chibemba, kuwauza kuti angothiramo msangamsanga.

"Loleleni," anayankha alamu osachotsa maso pa geji.

Mawu amenewo, oti dikirani, ndi amene anasanduka dzina lawo. Dera lonselo, kuyambira owotcherera zitsulo mpaka amayi ogulitsa chinangwa chowotcha, amawatcha Ba Loleleni. Bwana uja anapsa mtima n'kupita kwina, ndipo patatha mwezi anabweranso mwakachetechete.

Asisi anali osiyana nawo kutalitali. Anali aafupi, olongolola, a phwete lomveka nyumba yachitatu. Ankasoka mayunifomu a sukulu pakhonde la nyumba yawo ku Lubuto, ndipo ku chigwirizano cha amayi ku mpingo kwathu ndi iwo ankayambitsa nyimbo. Ankawakonda amuna awo, komanso ankawaseka tsiku lililonse. Ankati anzawo anakwatiwa ndi amuna, iwo anakwatiwa ndi geji. Ankasimbanso kuti a Solomon anawayang'ana zaka ziwiri zathunthu ku kwaya osanena kanthu, kufuna kuona kaye ngati mkaziyo sakudontha penapake. Alamu akamva zimenezo ankangomwetulira n'kupitiriza kumwa tiyi. Anabereka mwana mmodzi wamkazi, Tinenenji, timangoti Tine, amene tsopano ndi mphunzitsi ku Kitwe.

Matenda a asisi anayambira m'bere, analidula, tinati zatha. Patapita zaka zitatu anatulukira m'mapapo. Lamlungu lina la Okutobala adokotala anatiitanira pambali ine ndi alamu, n'kutiuza mosazungulira kuti iwo achita mbali yawo, tiwatenge akapumule kunyumba. Alamu anafunsa kuti masiku angati. Adokotala anati sangadziwe, koma ngati pali chimene odwalawo akufuna, chichitike sabata yomweyo. Anawonjeza kuti tiwapewetse fumbi ndi kutentha, chifukwa kupuma kunali kovuta kale. Ine ndinagwira mawu oyambawo. Alamu, monga ndinadzaonera pambuyo pake, anagwira achiwiriwo.

Chimene asisi ankafuna tinkachidziwa tonse. Amayi athu anathyoka m'chiuno zaka zinayi m'mbuyomo, sakanatha kukwera basi, komanso makutu awo anagontha moti pa foni samva chilichonse. Mayi ndi mwana anali asanaonane zaka zonsezo. Madzulo omwewo a Jairus, mkulu wa mpingo amene amakhala ku Northrise, anatibwereka galimoto yawo yaitali ya mipando isanu ndi itatu, yoti tikhoza kugonetsa mipando yakumbuyo n'kuyalapo matiresi. Anati eyakoni yake inasiya kuzizira chaka chatha, tizingotsegula mawindo. Tinagwirizana zonyamuka Lachiwiri m'mamawa, ine ndikuyendetsa. Ndinaimbira Eneles, mlongo wathu wamng'ono amene amakhala ndi amayi, kuti awafuulire kukhutu kuti mwana wawo akubwera Lachiwiri.

Lolemba m'mawa ndinapita nayo galimoto ku chisakasa. Alamu analumikiza mageji, anayatsa pampu, inaguguda theka la ola, anazimitsa. Tinakhala awirife kuyang'ana kamuvi. Mphindi zisanu zisanathe, kanayamba kukwera pang'onopang'ono.

"Akuthawa," anatero alamu.

"Athawe. Thirani chabe tizipita mawa."

"Afika nafe pa Kapiri. Akalimba, pa Lusaka. Pa Luangwa, pamene tikumufuna, tidzakhala tilibe."

"Ndiye tinyamule silinda, muzithira m'njira."

Anapukusa mutu. "Sindikudziwa pamene akuthawira, alamu. Ngati ndi m'kati, amake Tine azipuma zimenezo ulendo wonse, mawindo ali otseka. Ndipatseni lero lokha."

Ndinawapatsa. Dzuwa la ku Luangwa mu Okutobala ndimalidziwa, ndadutsako ndi thiraki phula likumata ku matayala, ndiye mawu awo sanali opanda mutu. Tsiku lonse anathira madzi a sopo ku komporesa, ku mapaipi onse a kutsogolo, pansi pa galimoto atagona chagada pa katoni. Thovu silinatuluke paliponse. Pofika madzulo anapukuta manja n'kunena kuti kwatsala malo amodzi, kuseri kwa dashibodi, ndipo kuti akafikeko ayenera kumasula dashibodi yonse. Ndikanatenga makiyi nthawi imeneyo, galimoto ikadali yathunthu. Sindinawatenge.

Lachiwiri asisi anadzuka mbandakucha, Tine anawasambitsa, anavala diresi lawo labuluu ndi duku. Chikwama chinali pakhomo, pamwamba pake pali chitenje chatsopano ndi shuga za amayi. Anakhala pa sofa atatsamira mapilo tsiku lonse, osafuna kuvula. Alamu atalowa dzuwa litapendeka, manja ali bii, asisi anawayang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi.

"Atate ake Tine, kodi kale kumudzi tinkapita pa chiyani? Si basi ija ya mawindo osweka, nkhuku zili pamiyendo?"

"Kale munali bwino."

"Manje sindidzakhalanso bwino. Tiyeni chabe titsegule mawindo."

Alamu anakhala pansi pafupi ndi mapazi awo. "Dashibodi ili pansi, amake Tine. Mawa ndimaliza. Zaka zonsezi ndakhala ndikuziziritsa anthu osawadziwa n'komwe. Ndiye inuyo ndikutengeni m'ng'anjo?"

Asisi anatembenukira kwa ine. "Stefano, alamu ako ndi omwewa. Ndikanadziwa ndikanakwatiwa ndi wokonza njinga." Anaseka, kusekako kunasanduka chifuwa, ndipo chifuwacho chinatenga nthawi kuti chileke. Tine anatuluka panja kukalira.

Ndinaimbira Eneles kuti tibwera mawa. Iye anati amayi anali atauza kale anthu kuti awakweze pa ngolo n'kukawasiya pansi pa mtengo wa mango pamphambano, pomwe kamsewu ka kwathu kamakumana ndi msewu waukulu, ndipo akhala pamenepo kuyambira m'mawa.

Lachitatu kabowo kanapezeka. Kanali pa kabokosi ka mapaipi ang'onoang'ono kamene kamaziziritsa mphepo isanatulukire m'kati, amati evaporeta. Pakona pake panali patada ndi mafuta, ndipo alamu atathirapo sopo panatuluka kathovu kamodzi, kenako kena. Anandiitana kuti ndione, nkhope ili ngwee, ndipo ndinafuna kuwamenya nako kabokosiko. Analondola, gasi ankathawiradi m'kati. Koma ku Ndola konse kabokosi kotero sikanapezeke. Anakwera minibasi kupita ku Kitwe kwa ogulitsa zitsulo za magalimoto owonongeka, anabwera nako madzulo, n'kupeza kuti mapaipi ake aloza kwina.

Ine tsiku limenelo ndinayesa kufuna galimoto ina. Munthu woyamba anati yake ili ku Solwezi, wachiwiri anazemba foni. Wachitatu sindinamuyese, chifukwa mumtima ndinali nditakhulupirira mawa wa alamu. Ndikunena zimenezi kuti pasapezeke wondiyesa wosalakwa.

Tine ndi amene anawalankhula mawu amene ine ndinalephera. Anawapeza pa mpopi akusamba m'manja.

"Adadi, amami atsala ndi masiku ochepa, ndipo inu mukuwathera pansi pa dashibodi."

Alamu anapitiriza kupaka sopo. Kenako anati, "Nanga ndikonze chiyani, Tine? Tandiuza china chimene ndingakonze."

Tine anatembenuka n'kuwasiya pa mpopipo. Ine ndinali pakhomo, ndipo ndi pamene ndinazindikira kuti bamboyu sankachita liuma chabe. Anali ndi mantha kuposa tonsefe, ndipo galimotoyo inali chinthu chokhacho m'sabata imeneyo chimene chinkamvera manja ake. Kuzindikirako sikunachotse mkwiyo wanga, kunangowonjezerapo chisoni. Ndinaimbiranso Eneles kuti mawa.

Lachinayi anabwereranso ku Kitwe, ulendo uno atanyamula kabokosi kakale m'thumba kuti akayerekeze. Anabwera nako koyenera cha m'ma leveni, anamanga, anabwezera dashibodi sikuluu iliyonse pamalo pake. Pampu inaguguda. Atazimitsa, tinakhalanso awirife. Kamuvi kanangoti chilili. Theka la ola litakwana ndinaimirira, iwo anakweza dzanja, tinadikiranso theka lina. Kenako anaika silinda pa sikelo, anathira gasi wa muyeso wake, analiza injini n'kulowetsa kachipangizo koyezera kuzizira potulukira mphepo. Anandionetsa nambala.

"Madigiri sikisi," anatero. "Iyi ifika ku Chipata n'kubwerako."

Tsiku limenelo asisi anangomwa masipuni atatu a phala, ndipo mawu awo anali atayamba kuchepa.

Tinanyamuka Lachisanu cha m'ma faifi, kukuyera. Asisi tinawagoneka pa matiresi, mutu uli pa miyendo ya Tine. Alamu anakhala kutsogolo ndi ine, ndipo mphindi zingapo zilizonse ankaika chikhatho potulukira mphepo. Titadutsa Kapiri dzuwa litakwera, anthu m'mbali mwa msewu akudzikupiza ndi makatoni, m'galimoto munali zii. Ndinamva mawu a asisi kumbuyo, otsika koma omveka.

"Ndiye zimenezi ndi zimene mumagulitsa anthu?"

"Ndi zimenezi," anayankha alamu.

"Zaka sate-foo, lero m'pamene ndalawako. Ndi zabwino, atate ake Tine. Koma Tine, ndifunditse bulangete."

Tinaseka tonse, ngakhale alamu. Anafuna kuchepetsa mphepo, asisi anakana, anati aisiye choncho, akupuma bwino. Ndipo kunena zoona ankapuma bwino kuposa masiku onse a sabata imeneyo. Chimenechi ndimachikumbukira ndikafuna kuwakhululukira alamu.

Pa Lusaka tinaima kuthira mafuta. Asisi anatsegula maso n'kuona alamu akuweramiranso potulukira mphepo paja.

"Bwerani kuno kumbuyo. Geji mwaisiya ku Ndola."

Alamu anatsika, anazungulira, anakakhala kumapazi kwawo n'kuwaika mapaziwo pa miyendo yawo, kumawasisita mkati mwa bulangete. Kuchokera pamenepo sanayang'anenso kutsogolo. Ndinkawaona pa galasi, akazi awo akugona, iwo akungosisita.

Tinatsetsereka mapiri kulowa ku Luangwa cha m'ma satini koloko masana. Panja mpweya unkachita kuvina pamwamba pa phula, amayi ogulitsa nsomba zouma atabisala pansi pa matebulo awo. Matayala atagunda chitsulo cha mlatho, asisi anadzidzimuka.

"Stefano, tawoloka?"

"Tawoloka, asisi."

"Ndiye tafika kwathu. Umuuze Eneles kuti amayi asachoke pamsewu."

Ndinati ndimuuza tikapeza netiweki. Anatsekanso maso. Ndinaponda mafuta kuposa mmene ndimapondera, galimoto ikukwera zitunda zokhotakhota zija, ndikuwerenga mumtima kuti Kacholola, Nyimba, Petauke, Sinda, maola atatu ndi theka basi. Titangodutsa Kacholola ndinamva Tine akuitana, osati mofuula.

"Amalume, imani."

Ndinaimika pambali. Tine anali atagwira nkhope ya amayi ake ndi manja awiri. Alamu anali akusisitabe mapazi, ndipo anapitiriza kwa kanthawi ngakhale atamva, mpaka Tine anawagwira dzanja. Palibe amene anakuwa. Kunkangomveka injini ndi mphepo ija ikutuluka bwinobwino. Ine ndinatsamira pa chiwongolero n'kulira ngati mwana, chifukwa anali asisi amene anandilera ine kuno ku Ndola, ndipo ndinali nditawalonjeza.

Nditafuna kuzimitsa injini, alamu analankhula koyamba.

"Musazimitse. Kunja kukutentha."

Tinaima pa chipatala china cha m'njira. Wachipatala anatuluka, anawayeza, anatilembera pepala, n'kutitumiza kukadziwitsa apolisi. Zonsezo zinatidyera ola limodzi, ndipo nthawi yonseyo galimoto inali chilirire pansi pa mtengo, alamu ali m'kati, eyakoni ataikweza mpaka pamapeto. Ndinaimbira Eneles. Analira, kenako anati wauza akuluakulu a pamudzi, koma palibe amene walimba mtima kukawauza amayi. Anali pansi pa mango paja, tsiku lachinayi.

Tinafika pamphambano dzuwa litafiira. Ndinawaonera patali, atakhala pa mpando wa ndalema umene ankawanyamulira pa ngolo, ndodo ili pambali, atavala chitenje chawo cha ku tchalitchi. Kumbuyo kwawo kunali kutasonkhana anthu, amayi angapo atafunda kale kumutu, onse ali duu. Nditaimika, amayi anayamba kumwetulira, kenako anaona nkhope yanga.

Sanafunse kanthu. Anati tiwanyamule. Ine ndi Eneles tinawagwira uku ndi uku mpaka pa chitseko, ndinachikoka, mphepo yozizira inawawomba kumaso mpaka anabwerera m'mbuyo pang'ono. Alamu anali atatsikira mbali inayo. Amayi anavundukula bulangete, anagwira tsaya la mwana wawo, anagwira dzanja, anagwiranso pakhosi. Anakhala choncho nthawi yaitali. Atatembenuka, m'maso mwawo munalibe misozi, munali ukali.

"Stefano, mwandinamiza."

"Amayi..."

"Ndasambitsa maliro ambiri ine. Munthu womwalira lero, dzuwa limeneli, sazizira chonchi. Uyu wachokera mu fuliji ya kuchipatala. Anamwalira Lachiwiri, inu n'kumandiuza mawa, mawa, ine ndili pano ngati chitsiru." Anapuma, mawu awo n'kufewa. "Chabwino. Ngati Mulungu anamutenga asananyamuke, palibe amene akanachitapo kanthu. Koma mukanandiuza."

Ndinayang'ana Tine, Tine anayang'ana pansi. Ndinaona kuti amayi atipatsa okha potulukira. Tikanangokhala chete, akanatikwiyira sabata imodzi chifukwa cha bodza, n'kukhala ndi mtendere masiku awo otsala, poganiza kuti panalibe mpata woti aonane. Alamu nawonso akanapulumuka. Ndinatsegula pakamwa kuti ndivomere, ndinene kuti tinkaopa kuwadzidzimutsa.

Kwathu mkamwini salankhula ndi apongozi ake aakazi maso ndi maso. Akakumana panjira amapatuka, akafuna kunena kanthu amatuma munthu. Zaka zonse za ukwati wawo, a Solomon anali asanayandikirepo amayi kuposa kutalika kwa bwalo. Tsiku limenelo anazungulira galimoto, anthu onse akuona, anagwada m'fumbi pafupi penipeni ndi mapazi awo, n'kukweza mawu kuti makutu ogontha aja amve.

"Amayi, sanakunamizeni. Lachiwiri anali moyo, anavala, anakhala pa mpando tsiku lonse kudikira ulendo. Lachitatu anali moyo. Dzulo anamwa phala. Wamwalira lero, fotini koloko itadutsa, titawoloka kale Luangwa, akunena za inu. Kuzizira mukukumvaku ndi kwa makina a m'galimotomu. Ndine ndinawakonza, ndipo ndine ndinachedwetsa ulendo masiku atatu kuti ndiwakonze. Anandipempha kuti tingotsegula mawindo, ine ndinakana."

Amayi anawayang'ana alamu pamutu, nthawi yoyamba kuwaona pafupi chotero. Ndinaona milomo yawo ikuyenda, akuwerenga masikuwo.

"Ndiye akanandipeza," anatero, osafunsa munthu.

"Akanakupezani, amayi."

Amayi sanawatukwane, sanawadzutsenso. Anatembenukira m'galimoto, anakoka bulangete n'kumufunditsa mwana wawo mpaka m'khosi, akulipinda m'mbali monga ankachitira tili ana. Kenako anandiitana osatembenuka.

"Stefano, zimitsa chimphepo chakocho. Mwana wanga akumva kuzizira."

Ndinalowetsa dzanja pa windo n'kupotoza kiyi. Injini itangoti zii, amayi anayamba kulira, ndipo amayi ena onse aja analandira. Alamu anali chigwadire m'fumbi, ndipo panalibe wina wowadzutsa, choncho ndinapita ine n'kukawagwira pamkono.